Mawu a Malemu Genzo

Aliyense amene anakulira kuno ku Kurehama amalidziwa fungo la mafuta a kwa Isogai. Ukatsika sitima n'kulowa mumsewu wa masitolo wofolera uja, fungolo linkakuchingamira usanafike n'komwe pa ometa tsitsi, ndipo ukakhala mwana wasukulu miyendo inkangokhota yokha. Pamenepo ndi pamene a Tomie Isogai anakalambira, kuseri kwa kansalu kotchinga khomo la kukhitchini, akusenda mbatatesi.

Iwo kwawo kunali kugombe, kubanja la asodzi. Anakwatiwa ndi a Genzo, mwana wa wogulitsa nyama, osati chifukwa mtima unkagunda ayi, koma chifukwa azakhali awo anati mnyamatayo samwa kwambiri ndipo mano ake onse alipo. Chikondi chinabwera pambuyo, mozemba, ali mkati mwa ntchito. A Tomie ankaphika mbatatesi, kuzinyenya, kusakaniza ndi nyama yogaya ndi anyezi, n'kuumba makoroke. A Genzo ankawagubuduza m'nyenyeswa za buledi n'kuwaponya m'chiwaya, thawulo atamanga kumutu. Ntchito inagawika choncho ndipo sinasinthepo.

A Genzo anali ouma pakamwa. Mawu oti "takulandirani" kapena "zikomo" ankawatuluka ngati akuzulidwa dzino. Munthu akalandira koroke lake n'kuimirira kufuna kucheza, iwo ankangoti, "Idyani lisanazizire, musandiyang'ane ine." Anthu anazolowera, moti ena ankati ukapanda kukalipiridwa koroke silikoma.

Khitchini yawo inali yopapatiza kwambiri, ndipo a Tomie ankayendamo chammbali mphika uli m'manja. Ndiye a Genzo, pakakhala popanda munthu, ankawatcha Nkhanu. Dzinali silinkatuluka pakhomo. Ngakhale mwana wawo mmodzi yekhayo, Mitsuru, anakula osalimva, chifukwa pamaso pa mwana a Genzo ankati "amayi ako", ndipo pamaso pa alendo ankangoti "inu uko".

Mitsuru anali mwana wanzeru koma wamanyazi. Kusukulu anzake ankamununkhiza malaya n'kumutcha Chiwaya, ndipo kuyambira pamenepo ankazungulira njira ya kuseri kuti asadutse pasitolo ali ndi anzake. Atamaliza maphunziro ku Tokyo anabwerera n'kulembedwa ntchito kukhonsolo, ku ofesi yokopa alendo, ngakhale alendo oti n'kuwakopa panalibe. Fakitale ya nsomba za m'zitini inali itatsekedwa, achinyamata anali atathawira kumizinda, ndipo mumsewu wa masitolo zitseko zachitsulo zinkatsika chimodzichimodzi osadzakweranso. Anatsala ndi a Isogai, ometa tsitsi aja, ndi a Hatsue ogulitsa masamba a tiyi moyang'anizana, mnzawo wa a Tomie wa ponda apa nane mpondepo.

Chaka china m'nyengo ya mvula kunafika mtsikana woonda, chikwama kumsana. Anagula makoroke, anakhala pabenchi la a Hatsue n'kuyamba kujambula papepala, akukweza maso, akuweramanso. Mawa lake anabweranso.

"Ameneyu si wamsonkho ameneyu?" anatero a Genzo.

"Wamsonkho angadye ndi mtima wonse chonchi?" anayankha a Tomie. "Tamuonani mafuta pachibwano."

Potsazika mtsikanayo anapempha chilolezo choti sitoloyo idzaoneke m'katuni ya pa TV. A Genzo anati, "Jambulani, khoma silidandaula," n'kuiwala.

Anakumbutsidwa patapita zaka. Loweruka lina a Tomie anasuzumira pakansalu n'kupeza mzere wa anyamata ndi atsikana achilendo, ena tsitsi lopaka buluu, ena atanyamula malupanga a pulasitiki, onse mafoni ali m'mwamba. Mmodzi anawaonetsa pafoni pake chimene chinawabweretsa. Katuniyo inali Dziko la Kuseri kwa Zikope, nkhani ya ana amene amavala chisoti, kugona pabedi, n'kupezeka ali m'dziko lina la masewera kumene amamenyana ndi zilombo, kumanga mizinda, kukondana ndi kuperekana.

"Ndiye ana amenewa amangogona tsiku lonse?" anafunsa a Tomie.

"Limagona ndi thupi, amayi. Iwo amakhala ali kunkhondo."

"Nanga makolo awo ali kuti?"

"Taonani kaye apa."

Mtsikana wa m'nkhaniyo anali atavula chisoti chake, njala itamupweteka, n'kuthamangira mumsewu wofolera. Msewu wake unali womwewu. Sitolo yake inali yomweyi, mpaka chilembo chimene chinafufutika pachikwangwani. Pachiwaya panaima mdala wa thawulo kumutu, nsidze zake ngati za a Genzo, amene anati, "Idya lisanazizire, usandiyang'ane ine." Ndipo kuchokera kuseri kwa kansalu kunatuluka dzanja n'kupereka mbale.

"Zaka zonsezi ndikusenda mbatatesi, andijambula dzanja lokha!" anatero a Tomie.

"Anasankha pokongola," anayankha a Genzo osatembenuka.

Kuyambira pamenepo mzere sunathe. Ana aja ankapempha, "Agogo, tanenani mawu aja!" A Genzo ankakwiya. "Sindine chinkhwe ine. Idyani lisanazizire, musandiyang'ane." Mzere wonse unkafuula ndi kuwomba m'manja, iwo n'kuzindikira kuti awanenadi, n'kuyamba kung'ung'udza. Koma a Tomie anaona kuti amuna awo ayamba kugula mathawulo atsopano.

Zinali zaka zabwino. A Hatsue anayamba kugulitsa tiyi m'timapaketi tojambulidwa malupanga. Zitseko zina zachitsulo zinakweranso. Ndiye m'mawa wina wa chisanu a Genzo anayatsa moto, anati mutu ukuwalemera, anakhala pampando wa kukhitchini, ndipo sanadzukenso.

Ana a katuni anabwera ndi maluwa kuchokera kutali, n'kuwayala pansi mpaka anafika pakhomo la a Hatsue. Ena ankalira kuposa achibale. A Tomie sizinawakhumudwitse. Ankati misozi ilibe mlendo. Zovuta zitatha anamanga okha thawulo kumutu n'kuima pachiwaya. Katuniyo inapitirira ndi zigawo zatsopano, mafilimu, zidole ndi masewera, koma iwo sankaonera. Zawo zinali kudzuka m'mawa, kuika mpunga ndi tiyi pakaguwa ka m'nyumba pamene panali chithunzi cha amuna awo, kuyatsa lubani, n'kuwauza nkhani za mumsewu: amene wadwala, amene wasamuka, mmene anyezi wakwerera.

Kutatsala miyezi ingapo kuti achite mwambo wokumbukira malemuwo pa chaka chachisanu ndi chiwiri, Mitsuru anayamba kubwera. Kale ankangoima pakhomo, kufunsa za maondo a amayi ake, n'kuthawa fungo lisanalowe m'jekete. Tsopano ankavula jeketeyo, kukhala pampando wa kukhitchini uja, n'kumasenda nawo mbatatesi. Ankasenda moipa, theka akutaya ndi makoko, koma a Tomie sanamudzudzule.

"Amayi, matepi a vidiyo aja akadalipo?"

Analipo, bokosi lathunthu. Banjali linagula kamera Mitsuru atangobadwa, ndipo wojambula anali a Tomie, choncho m'matepimo munadzaza a Genzo: akukalipira mwana pampikisano wothamanga wa kusukulu, akuimba ataledzera pa chaka chatsopano, akukangana ndi wobweretsa mafuta, akutsokomola katsokomoledwe kawo kaja kobwereza.

"Matepi amaola, amayi. Ndipatseni ndikawasamutsire pakompyuta. Tsiku la mwambo tidzaonetse achibale, adzamvenso mawu a bambo."

A Tomie anapukuta bokosilo fumbi n'kumunyamulira mpaka pagalimoto.

Kenako anayamba mafunso. Bambo ankaima bwanji pachiwaya? Akakwiya ankayamba ndi mawu ati? Nanga akasangalala? Makorokewa mumathira chiyani chimene ena sathira? A Tomie ankayankha zonse, ndipo ankawonjezera zimene sanafunsidwe. Mwana amene ankazungulira njira ya kuseri uja tsopano ankafuna kudziwa atate ake. Mtima wawo unkachita kusefukira.

"Ndikuona ngati mwana uja akuifuna sitoloyi," a Tomie anawanong'oneza a Hatsue tsiku lina.

"Mwina," anatero a Hatsue, maso ali pasikelo.

Masana ena, makasitomala atadukiza, Mitsuru anafunsa, "Nanga inuyo, mukakhala awiri, ankakutchulani chiyani?"

A Tomie anachita manyazi ngati namwali. Anabisa nkhope m'thawulo.

"Palibe."

"Bodza, amayi. Makutu afiira."

"Usadzauze munthu."

"Ndingauze ndani ine?"

"Nkhanu," anatero, ndipo anamuonetsa mayendedwe ake a chammbali. Anaseka awiriwo mpaka misozi. Mawa lake m'mawa, akuyatsa lubani, a Tomie anauza chithunzi chija, "Ndaulula, mundikhululukire. Koma ndi mwana wanu yemwe."

Nthawi yonseyi pafupi ndi siteshoni khonsolo inkamanga nyumba yagalasi mogwirizana ndi kampani ya katuni ija. A Tomie ankaiona akamapita kuchipatala. Mitsuru anawauza kuti ndi malo ogulitsira zidole ndi malaya, ndipo adzachulukitsa anthu obwera mumsewu. Tsiku lotsegulira iwo sanapite. Linali Loweruka, ndipo Loweruka chiwaya sichisiyidwa.

Koma Loweruka limenelo mzere unali waufupi, ndipo lotsatira lake unafupikiranso. Mabasi a alendo ankaima pasiteshoni n'kubwerera pomwepo. A Tomie anaganiza kuti mwina ndi mvula.

Kenako kunabwera atsikana awiri, zikwama za kunyumba yagalasi zili m'manja. Mmodzi anawayang'anitsitsa, n'kugwira mnzake pamkono.

"Ndi amenewa! Eee, alipodi! Amayi Nkhanu!"

Chipande chinawapulumuka a Tomie n'kugwera m'mafuta.

"Mwati chiyani?"

"Agogo Genzo amakuitanani choncho. Kusiteshoni kuja. Ukavala chisoti umalowa musitolo muno, ndiye iwo amakulankhula, mawu awo enieni. Amatembenuka n'kunena kuti, Nkhanu, onjezera mbatatesi! Anthu amaseka kwabasi. Tingajambulitse nanu?"

A Tomie anawakulungira makoroke awo, anazimitsa moto, n'kuwoloka msewu. A Hatsue atangoona nkhope yawo anakhala pansi.

"Unkadziwa?"

"Tomie, khala kaye."

"Ndakufunsa."

"Tonse tinkadziwa," anatero a Hatsue, akupotokola nsalu ya m'chiuno. "Akhonsolo anatiitana kumsonkhano wa eni masitolo. Anati aliyense adzapatsidwa kashelefu kumeneko. Mitsuru anati tisakuuze, adzakuuza yekha nthawi yake ikakwana. Ine ndimati wakuuza."

"Tsiku lija ndinkakuuza kuti mwana uja akuifuna sitolo, unkati iye wandiuza?"



A Tomie anavula thawulo, anavala malaya awo opitira kuchipatala, n'kuyenda mpaka kusiteshoni. Anaima pamzere pakati pa ana a tsitsi la buluu, ndipo palibe anawazindikira. Mnyamata wa yunifolomu anawakhazika pampando wofewa n'kuwafunsa ngati sachita chizungulire.

"Ndinabadwira m'boti ine. Ndivekeni."

Chisoti chinatsika, kunada, kenako kunayera. Anali ataima mumsewu wawo. Denga linalibe podontha, zitseko zonse zinali zotsegula, ndipo dzuwa linali la madzulo a chilimwe chimene sichinakhalepo. Anatembenuza mutu n'kuona sitolo yawo. Mafuta ankalira m'chiwaya. Munthu wa thawulo kumutu anali ataweramira pamenepo, phewa lamanzere lotsika, monga a Tomie anamufotokozera Mitsuru.

Ndiye anatsokomola, kubwereza.

 Kutsokomola kumeneko a Tomie anakumva zaka makumi anayi kuseri kwa khoma la bafa, m'mawa uliwonse, ndipo anali atakuiwala mpaka tsiku limenelo. Munthuyo anatembenuka n'kumwetulira, mano onse pamtunda.

"Takulandirani! Zikomo kwambiri chifukwa chobwera ku Kurehama!"

Mawu anali awo. Kusasa kwake, kukoka kwake kumapeto, zonse. Koma a Genzo sananenepo zikomo wautali choncho kwa munthu aliyense, ngakhale kwa dokotala amene anamuombola mwana wawo ku chibayo.

"Inu," anatero a Tomie motsitsa. "Ndine."

"Ndasangalala kukudziwani! Dzina lanu ndani, alendo athu?"

 Munthuyo anadikira pang'ono, kenako anatembenukira kukansalu.

"Nkhanu! Onjezera mbatatesi, alendo achuluka!"

"Ndamva, bambo!" anayankha mawu a mtsikana wina, opyapyala ngati a mbalame. Dzanja linatuluka n'kupereka mbale. M'zisoti za anthu a m'mbali mwawo a Tomie anamva kuseka.

"Idyani lisanazizire, musandiyang'ane ine," anatero munthuyo, akutsinzina diso limodzi. "Ndipo potuluka musaiwale bokosi la makoroke a Genzo, ozizira kale, ongotenthetsa kunyumba!"

A Tomie anavula okha chisoticho. Potuluka anawaonadi mabokosiwo, ataunjikidwa m'firiji, nkhope ya amuna awo ikumwetulira pa lililonse. Pafupi pake panali kashelefu ka tiyi wa a Hatsue.

Mitsuru anali chapatali, khadi lili m'khosi, akuonetsa malo kwa akuluakulu a masuti. Anawaona amayi ake ndipo mawu anamuthawa pakati pa chiganizo. A Tomie sanafune kumuchititsa manyazi pamaso pa mabwana ake. Anatuluka n'kukamudikira poimika njinga.

Anabwera akuthamanga.

"Amayi, ndimati ndikuuzeni."

"Liti? Pamwambo wokumbukira ine?"

"Tamverani kaye. Msewu uja ukufa, inunso mukudziwa. Maondo anu akadzakana, kudzatsala chiyani? Ana aja akanasiya kubwera, tauni yonse ikanagona. Apa bambo sadzafanso. Anthu a kutali adzawamva ife tonse titapita."

"Bambo ako anafa. Ndinawatseka maso ndine. Uja ndi wamalonda wina amene wameza mawu awo."

"Ndi mmene makinawo amachitira, amayi. Akampani anati mdala wokalipa yekhayekha angathawitse anthu, ndiye anamufewetsa pang'ono."

"Anamufewetsa."

"Ndikanakufunsani mukanakana."

"Ndiye unkadziwa."

Mitsuru anayang'ana pansi. Sitima inalowa, inatsitsa anthu, inachoka. A Tomie anamuyang'ana mwana wawo, imvi zitayamba kale m'mbali mwa makutu, ndipo anafunsa chimene chinkawawawa koposa.

"Mbatatesi zija unkasenda, unkasenda uli pantchito?"

"Poyamba, inde. Koma kenako, amayi, ndikulumbira, kenako ndinkabwera chifukwa..."

"Basi. Poyamba pandikwana."

Mwambo wokumbukira unachitika monga mwa nthawi zonse. Wansembe wa kukachisi anabwera, anawerenga mapemphero ake, achibale anadya. Mlamu wawo wina atafunsa za vidiyo imene analonjezedwa, a Tomie anati makina awonongeka, ndipo Mitsuru anangoweramira m'mbale yake. Matepi anawabweza onse, atawakonza bwino m'bokosi latsopano. Anapitanso kukachonderera akampani, ndipo patapita miyezi dzina lija analichotsa m'kamwa mwa munthu wa m'chisoti. Koma linali litayenda kale. Linali pamafoni, pamalaya, ndipo wina anali atasoka kale kachidole ka nkhanu yovala epuloni.

Chimene a Tomie sanayembekezere chinawapeza masana ena a Lamlungu. Anatenga tepi ya chaka chatsopano ija, anaiika m'makina akale, n'kukhala pansi. A Genzo anaoneka, nkhope yofiira, akuimba mosemphana ndi nyimbo. A Tomie anamwetulira. Kenako anadzipeza akudikira kuti nyimbo ikatha awauze za bokosi la potuluka. Anayesa tepi ina, zomwezo. Mawu amene anawasunga zaka zonsezi anali atalowa fungo lachilendo, ngati mpunga wosungidwa pafupi ndi sopo. Anazimitsa, ndipo sanayatsenso. Mpunga ndi tiyi ankaikabe pakaguwa m'mawa uliwonse, koma kwa nthawi yaitali nkhani za mumsewu sankazinena. Ankachita manyazi ndi chithunzicho.

A Hatsue sanalankhulidwe ndi a Tomie nyengo yonse yachisanu. Tsiku lina analimba mtima, anawoloka msewu n'kugula makoroke. A Tomie anawakulungira bwinobwino, anawerama, n'kunena, "Zikomo kwambiri, mudzabwerenso," monga amachitira ndi munthu wotsika basi. A Hatsue anabwerera akulira. Koma chaka chotsatira, a Hatsue atagwa m'bafa n'kuthyoka chiuno, amene ankawoloka msewu ndi mphika wa msuzi anali a Tomie omwewo.

"Sindinakukhululukire," ankatero akuwakhazika tsonga. "Tsegula pakamwa."

"Mchere wachepa."

"Ukagule wa kusiteshoni."

Maondo anakanadi. Mbiri itamveka kuti sitolo ya Isogai ikutsekedwa, akampani anatumiza munthu waulemu kwambiri, atanyamula bokosi la maswiti, kudzapempha chiwaya ndi chikwangwani kuti akaziike m'galasi anthu azikaona. A Tomie anamupatsa tiyi, anamvetsera mpaka anamaliza, n'kunena kuti aganizira. Sabata yomweyo sitolo anaipereka kwa banja lina lachinyamata lochokera ku Nepal limene linkafuna malo ophikira, ndipo chiwaya anawasiyira kuti azikazingira zawo. Chikwangwani anapempha ometa tsitsi aja kuti awatsitsire. Chinakhala m'khonde mpaka mu Januwale, tsiku limene anthu amasonkha moto pabwalo la kachisi kuti atenthe zokongoletsa za chaka chatsopano. A Tomie anachikweza pangolo yogulira zinthu, anachikankha okha mpaka kumeneko, n'kupempha anyamata osonkha moto kuti awathandize kuponya. Thabwalo linali litamwa mafuta zaka zambiri, ndipo linayaka kuposa china chilichonse pabwalopo.

Pano a Tomie amakhala kugombe, kwa mng'ono wawo, m'nyumba yoyang'ana padoko. Kumeneko amawadziwa ngati mwana wa msodzi uja amene anakwatiwa kutauni. Nyumba yagalasi ikadalipo, ndipo mabasi amabwerabe; anthu amati inapulumutsa Kurehama, ndipo mwina n'zoona. Mitsuru anakwezedwa pantchito. Amapita kukaona amayi ake mwezi uliwonse, atanyamula zipatso ndi mankhwala a maondo, ndipo iwo amamulandira, amamuwotchera nsomba, amamufunsa za msewu ndi za mvula.

Ulendo wina, ali pakudya, Mitsuru anayang'ana pawindo n'kuona maboti akulowa.

"Agogo boti lawo linkaima pati, amayi? Munkapita nawo kunyanja muli mwana?"

Anafunsa ndi mtima woona, ndipo a Tomie anadziwa kuti ndi mtima woona. Nkhani yake inali kale pamilomo: boti lobiriwira, m'mawa wa nkhungu, tsiku limene iwo anagwera m'madzi, atate awo n'kuwavuula ndi tsitsi. Koma chimene chinatuluka ndi china.

"Ukufuna ukazigwiritse ntchito yanji?"

Mitsuru anaika timitengo take todyera pambale. Nkhope yake inagwa ngati ya mwana womenyedwa popanda chifukwa. A Tomie anaona, ndipo zinawapweteka, koma mawuwo sanawabweze. Anangotenga mbale yake n'kumuwonjezera mpunga.